Loweruka lomwe amalume a ana "anangothima"

Lero ndinalawira 5 koloko kukapikula tomato ndi anyezi ku msika wa Ndirande, pofika 8 ndinali nditatsegula kale kaokala kanga. Ndi kumapeto kwa mwezi ndiye mukudziwa kale mmene kumakhalira kuno, kushabini ya kuseri kwathu nyimbo zinayamba dzulo madzulo mpaka kunja kucha osazimitsa.

Anyamata a kabaza amakonda kukhala pabenchi langa podikira makasitomala, ndiye mmawa wonse nkhani inali ya dzulo basi. Wina akuti mnzawo uja anali mmadzi, wina akuti ayi aise sanali mmadzi chabe ameneuja anayaka, anapapira bibida kuyambira masana mpaka kuiwala njinga pa bawa, winanso nkumayerekeza mmene amayendera dzandidzandi kuchoka mbali iyi ya msewu kupita mbali inayo. Ineyo ndimaseka nawo, sindinama. Mawu amenewa ali ndi masitepe ake, munthu akangolawa amati ali bwino, akapitiriza ali mmadzi, kenako wayaka, ndipo akagwa nkukhala thapsa osayankhanso ndiye amati wathima. Kwathu ku Thyolo munthu wamkulu sitinkanena kuti waledzera, kunali kupanda ulemu, timati akhuta. Agogo aamuna akabwera kochokera ku masese akuimba, agogo aakazi amangoti ana inu patukani agogo anu akhuta, ngati adya nsima yambiri. Cha mma 10 awiri ananyamuka kuti akachotse matsire ndi mang'ina, ngakhale ndikudziwa kuti kuchotsa matsire kwawoko nthawi zambiri ndi kuwonjezera botolo lina.

Itangokwana 2 koloko kamwana ka aneba kanabwera kakuthamanga, "Anti, amalume athima kuseri kwa shabini." Amalumewo ndi mlongo wanga wamng'ono, ali ndi zaka 24, amakhala ndi ine. Ndinasiya okala chosatseka.

Ndinamupeza atagona chagada padzuwa, kukamwa kuli yasa, masanzi pakhosi ndi pamalaya, akupuma mokoka ngati nkonono koma nkumadukiza nthawi yaitali. Ndinamuitana dzina, kumugwedeza, kumutsina, zii. Thupi lozizira dzuwa lonse lija. Pambali pake timabotolo ta midoli topanda kanthu. Anzake ali pomwepo akumwabe, ati "asisi musadandaule angothima awa, adzuka okha madzulo." Wina wabwera ndi ndowa ya madzi kuti amuthire, wina akuti mummwetse mkaka. Mawu aja ndimaseka nawo mmawa anandilasa mumtima, chifukwa ndi omwewo anachititsa kuti anthu akuluakulu amuyang'ane munthu akutsamwa kwa ola lathunthu osachita kanthu.

Mwamwayi mayi wina wa mumzere mwathu ndi namwino ndipo anali pa ofu. Atafika anakalipa kuti pasapezeke womummwetsa chilichonse, munthu wokomoka samezanso bwino ndiye madzi kapena mkakawo umalowera kumapapo. Anamutembenuza kumugoneka chammbali, bondo limodzi lopinda, nkumupukuta mkamwa, ati ena mwa amene amafa ataledzera chonchi amafa ndi masanzi awo omwe atagona chagada. Anandiuzanso kuti madzi ozizira kaya tiyi sizichotsa mowa mmagazi, ndi chiwindi makamaka chimagwira ntchito imeneyo ndipo chimachita pang'onopang'ono, komanso mowa umene uli mmimba umapitirirabe kulowa mmagazi munthu ali chigonere, ndiye amene mukuti akugonayo akhoza kumaipiraipira. Tinagwira takisi kupita kuchipatala.

Kumeneko anamuyeza nkupeza kuti shuga watsika kwambiri, chifukwa chidyereni dzulo masana sanaikenso kanthu mkamwa koma mowa wokhawokha. Anamuika diripi. Ndili pabenchi mutu wanga unali pa nkhani ya 2024 ija, anthu atamwalira konkuno ku Blantyre atamwa mowa umene amautcha Ambuye nditengeni. Dzina limenelo anthu amalitchula akuseka, mpaka tsiku lomwe maliro anayamba kutuluka. Boma linaletsa masacheti koma kunena zoona mowa waukali wotchipa sunachoke mmakomboni, unangosamukira mtimabotolo, ndipo ndalama yomwe sikwana ngakhale mbale ya nsima pa lesitilanti imakwana kumugwetsa mnyamata. Adokotala anandifunsa kuti wamwa mtundu wanji, ndinawaonetsa kabotolo kamodzi komwe ndinatola, anamufunsanso atatsitsimuka ngati akuona bwinobwino chifukwa mowa wosakaniza ndi mankhwala ena umapha maso. Anati akuona.

Tabwera kunyumba 9 koloko usiku. Ana anga anali atatseka okala okha, tomato theka sanagulidwe ndipo mawa ndigulitsa motchipa. Iye sanayankhule njira yonse, atafika wamwa phala pang'ono nkungoti pepani asisi. Ndamuyalira pabalaza kuti ndizimuona, wagona chammbali, ndaika pilo kumsana kuti asatembenuke.

Amayi anaimba foni kuchokera ku Thyolo, nkhani inali itawapeza kale. Anandifunsa kuti ndamva kuti mwanayo anakhuta eti? Ndinawayankha kuti ayi amayi sanakhute, anakomoka ndi mowa ndipo akanatha kufa. Anakhala chete kanthawi, kenako anati abwera Lachiwiri.