Kujambula mawu pa biti m'chipinda wamba ku Chilenje, Lusaka

Ophunzira ambiri amandipeza ndi biti yotha kale mu FL Studio, pulogalamu ya pa kompyuta yopangira nyimbo, koma ikafika nthawi yojambula woimba m'pamene zimavuta. Ine ndimayamba ndi chipinda, kompyuta ndisanayatse n'komwe. Khoma la mabuloko limabweza mawu, ndiye ndimapachika bulangeti lokhuthala kumbuyo kwa woimba, popeza mayiki ya cardioid imatola kwambiri zochokera kumene yapenya. Mathireyi a mazira amene anthu amamata kukhoma aja n'zokongoletsa chabe.

Mayiki ya mtundu wa condenser imafuna mphamvu ya 48V kuchokera ku audio interface, kabokosi kolumikiza mayiki ndi kompyuta. Ndimalumikiza kaye waya wa mayiki wa XLR, ndimatsitsa masipika, kenako ndimayatsa 48V. Mukasemphanitsa, masipika amaphulitsa phokoso loti n'kuwawononga. Kukamamveka kung'ung'uza kwapansipansi, imeneyo ndi 50 Hz ya malaiti athu. Ndimazula chaja ya laputopu n'kumvetsera. Kukasiya, mayiki ilibe mlandu, vuto ndi chajayo kapena waya wa earth m'nyumbamo.

Pa kompyuta ndimasankha ASIO (driver ya mawu) ya interface, 44.1 kHz, 24-bit, ndipo buffer, kagawo ka mawu kamene kompyuta imasonkhanitsa isanakatulutse, ndimaiika pa 128. Apa m'pamene ambiri amagwa. Pa 128, buffer imachedwetsa mawu ndi mamilisekondi (ms) osakwana 3, koma pa 1024 imafika 23 ms, woimba amadzimva mochedwa m'mahedifoni n'kumatsalira biti, inu n'kumati sadziwa kuimba. Laputopu ikayamba kuthetheka pa 128, biti yonse ndimaisandutsa fayilo imodzi ya mawu ya WAV, n'kujambulira mawu m'pulojekiti yatsopano yopanda mapulagini, timapulogalamu towonjezera timene timalemetsa kompyuta.

Woimba amaima masentimita 15 kuchokera pa mayiki, pop filter, kansalu koletsa mpweya wa pakamwa kuwomba mayiki, ili pakati. Sindimuuza kuti anene "wanu thu". Ndimati, "Imbani kolasi ija mwamphamvu mmene mudzaimbire," ndipo ndimapotokola gain, kabatani kokweza mawu olowa, mpaka pokwera penipeni pafike -10 dB. Mawu akangogunda 0 dB aphwanyika, ndipo kukonza kwake n'kujambulanso basi. Mahedifoni akhale otseka makutu, apo ayi metronome, kugunda kosunga liwiro la nyimbo, imalowa mu mayiki.

Tikamaliza vesi iliyonse ndimadina Ctrl+S, chifukwa malaiti sapita motsanzika. Jenereta ya aneba ikalira, timadikira.

Posakaniza ndimadula zonse za pansi pa 80 Hz pa mawu a woimba, makamaka pa amapiano pomwe log drum, ng'oma yake ya besi, yadzaza kale kumusiko. Ndimamvetsera pa masipika, kenako pa foni, chifukwa ambiri a ku Matero ndi ku Kanyama adzaimvera pamenepo. Besi ikasowa pa foni ndimaiwonjezera saturation pang'ono, kutanthauza kuikhakhalitsa kuti imveke. Wopanga master, amene amamalizitsa kamvekedwe ka nyimbo, ndimamusiyira mpata wa 6 dB n'kumutumizira WAV, ndipo pa WhatsApp imapita ngati document kuti isafinyidwe.

Nyimbo isanatuluke m'chipindamo timalemba papepala amene wapeka mawu, amene wapanga biti ndi gawo la aliyense, tonse n'kusaina, kenako timakailembetsa ku ZAMCOPS, bungwe loteteza umwini wa nyimbo ku Zambia.