Lamulungu la chipepeso ku Turffontein

Lero tatuluka mochedwa kutchalitchi, ndipo chotichedwetsa sichinali ulaliki. Timapemphera m'kalasi ya sukulu ina ku Turffontein, kuno ku Joni, imene timachita lendi, pa timipando ta ana toti munthu wamkulu ukakhalapo maondo amafika pachifuwa. Abusa atadalitsa mpingo, mkulu wa mpingo anaimirira ndi pepala m'manja nati tisatuluke kaye, pali zovuta. Mnyamata wina wa ku Ntcheu watisiya Lachinayi kuchipatala, ndipo abale ake kumudzi akufuna mtembo upite kwawo.

Aliyense wokhala kuno ku Joni akudziwa kulemera kwa mawu amenewo. Pamafunika bokosi, mapepala a imfa, chilolezo chotulutsira mtembo m'dziko muno, ndiponso galimoto yoti idutse pa Beitbridge, idule Zimbabwe yense, ilowe ku Tete, mpaka ikaone chipata cha kwathu. Ndi marandi masauzande ambirimbiri. Munthu wa maganyu, wosesa pabwalo la bwana kapena wotsuka magalimoto, sangasiye ndalama zotere pansi pa matiresi.

Mpingo wathu uli ndi thumba la maliro limene timasonkha mwezi ndi mwezi. Koma mnyamatayu analeka kubwera kalekale. Atangofika kumene ankabwera, ankaimbanso kwaya. Atapeza ntchito kumpoto kwa mzinda anangoti zii. Anzake ankangomuona pa Facebook akulemba "Ameni, ndalandira" pansi pa mavidiyo a mneneri wina. Kuthumba sanaponyeko ngakhale randi imodzi.

Msungichuma wathu, bambo wofatsa amene amalemba chilichonse m'kabuku kake kofiira, ndiye anayamba. "Abale, thumba ili lili ndi malamulo amene tinagwirizana tonse. Tikalitsegulira aliyense, mwezi wamawa adzasonkhe ndani?" Anthu anang'ung'udza, ena kuvomera, ena kukana. Kenako anaimirira mayi wina wachikulire wa Mvano, atagwira mpando wakutsogolo. "Achimwene, mwanena zoona. Koma mayi ake a mwanayu kumudzi sadziwa za kabuku kanuko. Iwo akungodziwa kuti mwana wawo ali ku Joni, ndipo ku Joni kuli Amalawi. Maliro n'kulirana." Tinakangana pafupifupi ola lathunthu. Pomaliza tinamanga chimodzi: thumba lisakhudzidwe, koma tiyendetse mbale ya chipepeso payokha, aliyense aponye zimene mtima wake wamuuza.

Ndili pamenepo maganizo anandithawira ku Zomba, m'kalasi ya sosholoje, phunziro la kakhalidwe ka anthu pagulu, kumene tinkaloweza Émile Durkheim pongofuna kukhoza mayeso. Mfalansa ameneyu mu 1897 anawerengetsa anthu odzipha m'maiko a ku Ulaya, napeza kuti Aprotestanti ankadzipha kwambiri kuposa Akatolika. Iye sanaloze chala pa chiphunzitso, popeza mipingo yonse iwiri imaletsa kudzipha. Analoza pa kumangana kwa anthu: kumene munthu amasiyidwa yekha ndi Baibulo lake ndi chikumbumtima chake, zingwe zomugwira zimachepa. Mu 1912 anabwereza mfundo yomweyo mokulitsa, kuti chipembedzo ndi chinthu cha gulu, chimene chimaluka anthu kukhala mpingo umodzi. Nthawi imeneyo ndinkaziona ngati nkhani za azungu. Lero ndaziona zikuchitika m'kalasi ya ana, anthu akukokana pa kabuku kofiira.

Komabe mnyamatayu sindikumuweruza. Kumudzi mpingo sumasankha, umaupeza. Agogo anali a CCAP, mayi a CCAP, iwenso basi, ndipo ukajomba masabata awiri akulu a mpingo afika pakhomo. Kuno palibe wokulondola. Kwa ena ufulu umenewu ndi mpumulo weniweni, chifukwa gulu limene limakunyamula ukagwa ndi lomwelonso limakuyang'anitsitsa. Ukangooneka ndi botolo ku Rosettenville Loweruka, pofika Lolemba nkhani ili kale kwa apongozi ku Ntcheu, yadutsa pa WhatsApp ya anthu opemphera omwewa.

Ndiyeno taganizani zimene munthu amamva akalowa kwathu kuno. Zolengeza za lendi ya kalasi, ndandanda ya osesa, chopereka cha chitukuko, msonkho wa thumba. Akatsegula foni, mneneri akulankhula ndi iyeyo payekha: mapepala ako atuluka, bwana wako akukweza, chaka chino ndi chako. Kwa munthu amene amagona ndi mantha a apolisi chifukwa masiku a pa pasipoti anatha, uthenga wachiwiriwu ndi umene umafika pamtima. Tonse tikukumbuka chinamtindi cha anthu chimene chinkakhamukira kwa Shepherd Bushiri ku Pretoria asanabwerere ku Malawi mu November 2020. Chimene ndimaona ine n'chakuti pamalo otere anthu masauzande amakhala phewa ndi phewa, aliyense akudikira chozizwitsa chakechake, ndipo potuluka sadziwa dzina la amene anakhala naye pafupi. Tsiku la maliro foni siyendetsa mbale.

Agogo anga aamuna anabwera kuno pa Wenela, kampani imene inkalemba anthu okagwira ntchito m'migodi. Iwo sankabwera okha: kampani inkawalemba pagulu, kuwanyamula pagulu, kuwagoneka m'komponi ndi anthu akwawo, kontirakiti ikatha n'kuwabweza. Unali moyo wowawa, ndipo ambiri ofera m'migodi ankaikidwa konkuno. Ndege ya Wenela itagwa ku Francistown mu April 1974 ndi kupha Amalawi oposa 70, Kamuzu anaimitsa zolemba anthu. Ife a lero timakwera basi tokha, kutsikira pa Park Station ndi nambala imodzi ya msuweni m'thumba. Palibe mfumu, palibe nkhoswe, palibe mwinimbumba. Zonsezi zagwera pa mpingo wa m'kalasi, umene sunamangidwire katundu wolemera chonchi.

Podikira takisi ndinakumana ndi achimwene ena a ku Mangochi amene amasoka zovala ku Fordsburg. Nditawafotokozera anapukusa mutu. Anati kwa iwo Asilamu nkhani siitalika chotere: munthu akamwalira amasambitsidwa, kuswaliridwa ndi kuikidwa msanga konkuno, kawirikawiri kumanda a ku Westpark, ndipo anthu a pamzikiti amathandizana osafunsa kuti ankabwera kangati. "Nanga dothi la kuno si la Mulungu?" anandifunsa akuseka. Ndinasekanso, koma ndikudziwa kuti mayi anga sangamve zimenezo. Kwa iwo munthu woikidwa kutali ndi makolo ake ndi mtchona mpaka muyaya.

Takisi inachedwa kudzaza. Kutsogolo kwanga kunakhala azimayi awiri ovala zoyera, atanyamula ndodo ndi zigubu za madzi, akuchokera kokapemphera kuphiri. Njira yonse ankagawana malalanje.

Madzulo ano gulu lathu la pa WhatsApp silinapume. Msungichuma akulemba maina ndi ndalama, wina R50, wina R200, wina walonjeza kumapeto kwa mwezi. Ena amene anakana kwambiri masana aponya zambiri kuposa amene ankaomba m'manja. Kwaya yati iperekeza mtembo ndi nyimbo ponyamuka. Ndaponya zanga, ndipo zikuoneka kuti sizinakwanebe ngakhale theka, ndiye tapempha mipingo ina ya Amalawi ku Yeoville ndi ku Tembisa kuti ilengeze Lamulungu likudzali.

Mawa pakufunika munthu woti ajombe kuntchito, apite kumotchale ndi ku ofesi ya kazembe wathu kukayendetsa mapepala. Wadzipereka ndi msungichuma yemwe uja. Wandipempha ndimuperekeze chifukwa Chingerezi cha m'mafomu chimamuvuta, ndiye ndiyenera kuimbira bwana wanga isanakwane 6 koloko m'mawa.