Mzimayi wa pa tepi ya vidiyo ku Kapata

Ndili mtsikana wamng'ono m'zaka za m'ma 1990, pafupi ndi msika wa Kapata kuno ku Chipata panali kanyumba koonetsera vidiyo, kamene mazenera ake ankatsekedwa ndi masaka kuti osalipira asamasuzumire. Achimwene anga ndi amene ankandilipirira, ngakhale kuti azakhali ankakalipa kuti mwana wamkazi sayenera kukhala mumdima ndi anyamata. M'kanyumba kameneka ndi mmene ndinaonera koyamba Cynthia Rothrock, mzimayi wamfupi wochepa thupi, amene ankakweza mwendo kudutsa mutu wake n'kugwetsa chigawenga chachikulu ngati chulu.

Mbiri yake ndinadzaidziwa nditakula. Anabadwa mu 1957 ku Delaware, m'dziko la America, ndipo asanalowe m'mafilimu anali kale katswiri wa karate amene anapambana mipikisano yoonetsa luso ndi kugwiritsa zida kuyambira 1981 mpaka 1985. Amene anamupatsa mpata sanali a ku Hollywood ayi, koma opanga mafilimu a ku Hong Kong, amene mu 1985 anamuika mu Yes, Madam pamodzi ndi Michelle Yeoh, onse awiri akusewera ngati apolisi. Kumeneko ankajambula mothamanga, ndipo wosewera ankayenera kumenya ndi kumenyedwa yekha, chinthu chimene mzimayi wongodziwa kuvala bwino sakanachikwanitsa.

Rothrock atabwerera kwawo ku America ndi pamene njira za azimayi awiriwa zinasiyana. Michelle Yeoh anakwera mpaka kudzalandira mphoto yaikulu ya mafilimu ya Oscar mu 2023, pamene Rothrock anakhalabe m'mafilimu a ndalama zochepa monga China O'Brien ndi Lady Dragon, amene ambiri sanadutse m'nyumba zikuluzikulu za kanema koma ankangopita pa tepi. Nkhani zake zinali zofanana kwambiri: wapolisi kapena mkazi wamasiye amene akubwezera imfa ya wachibale, bwana wa zigawenga wokhala m'nyumba yaikulu, ndi ndewu yomaliza m'nyumba yosungira katundu. Kunena zoona, mawu ena amene ankalankhula anali ozizira ngati nsima yogona, ndipo ife sitinkawamvera n'komwe, poti Chingelezi chathu chinali cha giredi 4.

Koma ndikamaganizira bwino, ndimaona kuti tepi imene anthu a ku Hollywood ankaipeputsayo ndi imene inamufikitsa kwa ife. Filimu yotchipa inkakopedwa, kudutsa m'manja mwa amalonda, mpaka kufika m'makomboni monga Mchini ndi Navutika, kumene kunalibe nyumba ya kanema yeniyeni. Tepi yathu ya China O'Brien inali itatha kwambiri moti pa ndewu imene tinkaikonda pankadutsa mizere yoyera, chifukwa mwini kanyumbako ankaibweza mobwerezabwereza anyamata akakuwa kuti abwereze. Tikatuluka, anyamata omwewo, amene kusukulu ankatiseka kuti atsikana sitingathe kuthamanga, ankakanganirana panjira kuti ndani akhale Cynthia.