Njira imene Edgar Snow anadzera popita kwa Mao mu 1936

Mu June 1936, mtolankhani wa ku America, Edgar Snow, anakwera sitima ku Beijing akulowera kumpoto kwa chigawo cha Shaanxi, kumene asilikali achikomyunizimu anali atazingidwa ndi boma la China la Chiang Kai-shek. Asananyamuke anabayitsa katemera wa nthomba, kolera, taifodi ndi mliri wa makoswe. M'chikwama munali makamera awiri, mafilimu 24 ndi kalata yomudziwitsa kwa Mao Zedong, mtsogoleri wa achikomyunizimuwo, yolembedwa ndi inki yosaoneka.

Kufika ku Xi'an, likulu la Shaanxi, sikunavute. Chovuta chinali kudutsa mzere wa nkhondo, ndipo amene anamuolotsa ndi asilikali a boma omwewo. Gulu la asilikali la kazembe Zhang Xueliang linatumidwa kukathira nkhondo achikomyunizimu, koma linali litamvana nawo mobisa, poti mtima wawo unali kwawo ku Manchuria kumene Japan analanda mu 1931. Lole yawo inamutula ku Yan'an. Kuchokera pamenepo unali ulendo wapansi m'zigwa za dothi lachikasu, katundu ali pamsana pa nyulu.

Zhou Enlai, mmodzi wa atsogoleri achikomyunizimu, anamulonjera m'Chingerezi, n'kumulembera ndondomeko ya ulendo wa masiku 92. Apa mpofunika kupaonetsetsa: njira, womasulira, kavalo ndi malo ogona, zonse anasankha ndi eni mudzi. Mlendo wotere amaona zimene aonetsedwa.

Ku Bao'an, lero amati Zhidan, atsogoleri ankagona m'mapanga okumba m'mbali mwa phiri, chakudya chawo mawere. Mao ankalankhula usiku, pa kuwala kwa kandulo. Wu Liangping ankamasulira, Snow n'kumalemba m'Chingerezi, kenako zolembazo zinkabwezeredwa m'Chitchaina kuti Mao akonze. Njirayi inachepetsa zolakwika, inde, komanso inapatsa wofunsidwayo mphamvu pa mawu aliwonse. Ngakhale chipewa cha nyenyezi chimene Mao anavala pa chithunzi chotchuka chimene Snow anamujambula, anachita kubwereka kwa Snow.

Pobwerera mu October, patatha pafupifupi miyezi inayi, ntchito yonse inatsala pang'ono kutayika. Poopa kusechedwa, chikwama cha makope ndi mafilimu anachibisa m'saka pakati pa mfuti zothyoka, ndipo asilikali anatsitsa masaka onsewo ku Xianyang, tauni ya pafupi ndi Xi'an, osadziwa. Snow anazindikira atafika kale ku Xi'an. Dalaivala anabwerera m'mamawa n'kukachipeza chili chomangamanga.

Pa 12 December, Zhang Xueliang uja anagwira Chiang Kai-shek pafupi ndi Xi'an pomwepo.