Mmene ndinatsikira m'phiri m'chaka cha 2015

Popeza anyamata a kabaza pa Chitakale ayamba kale kundiitana kuti "Bambo 2015", ndi bwino ndifotokoze ndekha asanathiremo mchere wawo.

Agogo anga ankanena kuti m'phiri la Mulanje muli malo amene nthawi imapindika ngati chitenje. Akuti zimachitika mwa apo ndi apo, chiperoni chikakumana ndi dzuwa: munthu umalowa mu nkhungu lero, n'kutulukira chaka china. Ndinkaseka. Koma amene akundiseka panowa ndi omwewo amene amatsitsa mawu akamatchula Sapitwa.

Loweruka lija ndinaperekeza alamu anga, amene amanyamula katundu wa alendo, kuchokera ku Likhubula kulowera ku Chambe. Pobwerera ndekha nkhungu inatsika, dzuwa lili pomwepo, lotuwa ngati mbale yakale. Ndinaterereka pamwala. Kafoni kanga ka mabatani kanamwazika patatu, batire uko, chivundikiro uko. Ndinatola, kulumikiza, kuyatsa.

01/01/2015. Nthawi 00:00.

Abale, ndinakhala pansi. Kuyang'ana foni, pakati pa usiku. Kuyang'ana kumwamba, dzuwa. Ndinavula chipewa, ndinaomba m'manja katatu, n'kunena kuti, "Zikomo eni phiri, ndamva."

Mantha sanakhalitse, chifukwa ndinayamba kuwerengera. Mu 2015 ngongole ya feteleza kunalibe. Ya banki m'khonde kunalibe. Apongozi anali asanandidziwe n'komwe. Ndinagwira pamutu, dazi linali pomwepo, koma ndinati tsitsi likubwera pambuyo ngati katundu wa alendo. Chimene chinandidetsa nkhawa ndi K5,000 imene inali m'thumba. Pepala limeneli linatuluka mu 2022, ngakhale la K2,000 linabwera mu 2016. Ndinaona apolisi akundifunsa kumene ndalisindikiza. Ndinalipinda kanayi n'kulibisa mu sokosi. Tsono nenani, woledzera angaganize mozama chonchi?

Kufika pa Chitakale ndinalunjika pa okala ya bambo wina amene ndakhala ndikumuzemba kuyambira nyengo yokolola. Ndinalowa chifuwa patsogolo.

"Achimwene, simukundidziwa, koma tidzakhala mabwenzi. Mundipatse shuga ndi sopo pa ngongole."

Sanayankhe. Ananyambita chala, natsegula kope lija, tsamba ndi tsamba, pang'onopang'ono ngati abusa akufuna vesi. Anafika pa dzina langa. Masamba awiri, ndi kuseri komwe. Ine ndinawerama, ndinawerenga modekha, ndinagwedeza mutu ngati dokotala, n'kuwauza mwachifundo kuti, "Izi n'za m'tsogolo, achimwene. Sizinachitike."

Mayi wina amene ankagula machesi anaiwala chenje chake n'kukhala pa thumba la ufa, misozi ili mbwembwembwe.

Zikanathera pamenepo bwenzi zili bwino. Koma potuluka ndinaona mayi a kunyumba akutsatsa chinanazi m'mbali mwa msewu. Ndinati mwayi wofunsira bwinobwino ndi uno, poti ulendo woyamba uja ndinachita chibwibwi. Ndinakonza kolala.

"Achemwali, kwanu n'kuti?"

Anandiyang'ana kuyambira dazi mpaka sokosi. Mwana ali kumbuyo, wofanana nane mphuno, nayenso akundiyang'ana.

"Bambo a mwana, mwamwa chiyani?"

Ndikufuna zimveke kuti sindinamwe. Amene ananama ndi foni, ndipo foniyo anandigulira ndi iwo omwewo. Kamnyamata kotchaja mabatire kanakonza tsikulo ndi chala chimodzi, kakutafuna nzimbe, n'kundiuza kuti mafoni amenewa amatero batire ikachoka. Kanandilipiritsanso.

K5,000 ija inapezeka Lolemba pochapa, ndipo sinabwerere kwa ine. Shuga ndi sopo zija sindinapatsidwe, koma ndamva kuti m'kope muja zinalembedwa.