Mwana wa mlongo ndi mpando wa ku France

Mfumu Charles IV ya ku France itamwalira mu 1328 inasiya mkazi ali ndi pakati, ndipo akuluakulu anayamba adikira kuti aone mwana wobadwayo. Kunabadwa mtsikana. Anthu amene ankalimbirana kwambiri ufumu anali awiri. Wina anali Edward III wa ku England, mnyamata wa zaka 15, mwana wa Isabella, mlongo wake wa malemuwo wa bere limodzi. Winayo anali Philip wa ku Valois, mwana wa bambo aang'ono a malemuwo. Anasankha Philip, ati ufumu sudzera mwa mkazi. Mu 1337 nkhondo inabuka, ndipo inadzatha mu 1453, onse amene anaiputa atafa kalekale.

Nkhani imeneyi ndi imene Maurice Druon, mlembi wa ku France, anailemba m'mabuku ake 7 otchedwa Les Rois maudits, omwe m'Chingerezi amati The Accursed Kings. Oyamba 6 anatuluka pakati pa 1955 ndi 1960, lomaliza mu 1977. Anga ndinagula kwa mnyamata wina woyala mabuku pansi ku Lilongwe, pafupi ndi depoti, ena opanda zikuto. Koyambirira kwake kuli tsamba losonyeza mzere wa banja lachifumu, ndipo tsamba limenelo lada ndi zala zanga, chifukwa a Philip, a Charles ndi a Jeanne achulukamo zedi, munthu umasokonezeka kuti uyu ndi wa kwa yani.

Druon akuyambira pa Philip IV, bambo wa Charles ndi Isabella, mfumu yosaseka imene mu 1307 inamanga asilikali achipembedzo a gulu la Templars n'kulanda chuma chawo. Mu March 1314 mtsogoleri wawo, Jacques de Molay, anatenthedwa wamoyo ku Paris, ndipo m'bukumo akutemberera papa, mfumu ndi mbewu yake ali pamoto. Temberero n'zokometsera nkhani, koma maliro amene anatsatira ndi enieni. Papa Clement V anamwalira mu April, mfumu mu November chaka chomwecho. Ana ake aamuna atatu analowa ufumu motsatizana n'kumafa: Louis X mu 1316, Philip V mu 1322, Charles IV mu 1328. Mwana wamwamuna wa Louis anangokhala masiku asanu.

Ine ndine wa kuno ku Mchinji, mayi anga ndi Achewa a kwa Mkanda, pomwe akazi anga ndi Angoni a kwa Mlonyeni. Choncho mabukuwa sindiwawerenga ngati mmene amawawerengera munthu wa ku Paris. Atsibweni anga ndinawafotokozera nkhani ya 1328 tikuswa mtedza pakhonde. Anamvetsera mpaka kumapeto, kenaka anakutumula makoko pa thalauza lawo n'kufunsa kuti, "Tsono mlandu unali pati? Mwana wa mlongo analipo, wamoyo, iwo n'kukatenga wa kuchimuna? Ameneyo akanapita kukadya za kwa amake." Apongozi anga aamuna, tsiku lina titapita kukawaona, anaona zosiyana. "Bambo, mkazi uja anakwatiwa ku England. Mwanayo ndi wa kumeneko, kwa atate ake. Akafunanji kwa amalume?" Onse awiri anaweruza msanga, palibe anakanda mutu, ndipo aliyense anadabwa kuti anthu angaphane zaka zoposa 100 pa nkhani yosavuta chonchi.

Kunena zoona, a ku France sanali kutsata lamulo lakale pamene ankakana mkazi. Lamulolo analipanga pa nthawi yomwe linkawakomera, ndipo apa m'pamene Druon amandigwira mtima. Chiyambi chake ndi timatumba ta ndalama topetedwa bwino timene Isabella anapatsa azilamu ake, akazi a alongo ake, ngati mphatso. Pambuyo pake anationa tili m'chiuno mwa anyamata awiri apachibale a banja la d'Aunay. Anakanena kwa bambo ake. Anyamatawo anaphedwa mwankhanza mu 1314, ndipo Margaret wa ku Burgundy, mkazi wa Louis, anatsekeredwa ku Château-Gaillard komwe anafera chaka chotsatira. Druon akuti anachita kumupotokola khosi kuti Louis akwatire wina. Koma amene anavutika kwambiri ndi Jeanne, mwana wamkazi wa Margaret ndi Louis, wa zaka zinayi zokha pomwe Louis ankamwalira. Anthu ankanong'ona kuti kaya bambo wake ndi mfumudi. Bambo ake aang'ono, Philip V, anapezerapo mpata n'kukhala pampando, ndipo mu 1317 anasonkhanitsa akuluakulu kuti avomereze zoti mkazi salowa ufumu wa France. Kwathu kwa Achewa manong'onong'o oterowo sakanagwetsa munthu, chifukwa amake a mwana sakayikitsa.

Ku England, zaka pafupifupi 200 m'mbuyo mwake, zinatembenuka. Mwana wamwamuna yekhayo wa m'banja wa mfumu Henry I anamira mu 1120 pamene chombo chotchedwa White Ship chinagunda mwala chitangonyamuka ku Barfleur. Henry analumbiritsa nduna zake kuti zidzalonga mwana wake wamkazi Matilda. Atamwalira mu 1135, amene anathamangira ku London n'kuvekedwa chisoti ndi Stephen, mwana wa Adela, mlongo wa Henry. Stephen yemweyu anayenera kukwera nawo chombo chija, koma olemba a nthawiyo akuti anatsika chisananyamuke chifukwa chotsegula m'mimba. Nkhondo yapachiweniweni inatha mu 1153 atagwirizana kuti Stephen akafa alowe mwana wa Matilda, amene anakhaladi Henry II mu 1154. Ken Follett anaika buku lake la 1989, The Pillars of the Earth, m'nyengo imeneyi, naye Sharon Kay Penman ndi lake la 1995, When Christ and His Saints Slept. Kwa iwo Stephen ndi wophwanya lumbiro. Ndikawerenga ndimaseka ndekha, poti munthu amene akumutcha wolanda ndi yemwe mbumba ya kwathu ikanamugwira pamaliro a amalume ake n'kumuuza kuti dzina lagwera iwe.

Mwa atatuwa ndimakonda Druon. Follett amadziwa kukoka nkhani, ndipo za kamangidwe ka tchalitchi chachikulu amazifotokoza mpaka umamva fumbi la miyala, koma anthu ake abwino ndi abwino mopitirira, oipa n'kukhala oipa opanda pogwira. Penman ndi wosamala ndi mbiri, kungoti amatalikitsa. Walter Scott, amene ambiri amati ndiye anatsegula njira ya mabuku a nkhani za mbiri yakale ngati amenewa, ndi Ivanhoe wake wa 1819, Chingerezi chake chimafuna munthu wadya. Druon amalemba mwachidule ndiponso mouma mtima. Amakuonetsa amene wakongoza mfumu ndalama, amene wagula mboni, amene wathira mankhwala m'chakudya. Munthu wake wokondedwa ndi Robert wa ku Artois, chimphona chaphokoso chimene chinatha moyo wonse chikulimbana ndi azakhali ake, Mahaut, pa nkhani ya dziko la Artois. Atalephera milandu anapangitsa zikalata zabodza, zinaululika, anathamangitsidwa mu 1332, ndipo anakathera ku England komwe ankasonkhezera Edward kuti akafune mpando wa amalume ake. Aliyense amene anakhalapo pa bwalo la mlandu wa ufumu kapena wa munda amamudziwa Robert, ndi chikwama chake cha mapepala. Buku lomaliza lokha, limene analemba atakhalako nduna ya zachikhalidwe mu 1973 ndi 1974, ndi lozizira: mkulu wina wa mpingo amangoyankhula yekha ali paulendo.

Chimene chimandisowetsa mtendere n'choti nkhani zotere tili nazo, ndipo zikungokhala. Mbiri yapakamwa imati Undi atakanidwa ufumu wa Kalonga ku Mankhamba anachoka kulowera kumadzulo, ndipo sanapite yekha. Anatenga Nyangu ndi akazi a banja lachifumu, kutanthauza kuti ananyamula mimba zimene zikanabala a Kalonga am'tsogolo. Edward anafunika zombo ndi mauta kuti atsate magazi a amake, pomwe Undi anangosamutsa mbumba. Samuel Ntara anasonkhanitsa zambiri mu Mbiri ya Achewa, choncho poyambira palipo. Ndikufuna wina alembe usiku umene Undi ankanyengerera Nyangu kuti anyamuke, zimene anamulonjeza, ndi amene anakaulula kwa Kalonga kutacha. Owerenga sangasowe: mwezi wa August uliwonse magalimoto amadzaza pa chipata cha Mwami, anthu akupita ku Kulamba ku Mkaika kukagwada kwa Kalonga Gawa Undi.