Amayi anasowa pokhala mtauni

Lachiwiri lapitali ndinaperekeza amayi mtauni kukatenga ndalama zomwe achimwene anatumiza kuchokera ku Johannesburg. Ife kwathu ndi ku Dzivarasekwa, lokeshoni ya mu Harare kuno ku Zimbabwe, tinalawirira ndithu, kombi (minibasi) inatitsitsa pa siteji ya Copacabana cha m'ma 8 koma pofika potengera ndalamapo tinapeza mzere wakhota kale pakona. Amayi ali ndi zaka 71 ndipo maondo anayamba kuwavuta kalekale, akaima mphindi 20 basi miyendo imayamba kunjenjemera. Ndiye ndinati amayi inu khalani penapake ine ndikuimirireni pamzerepa, tikayandikira ndikuitanani.

Penapake pakepo pati? Ndinayang'ana uku ndi uku. Shopu yoyandikana nayo ili ndi kakhoma kafupi pansi pa windo, kolekeza m'maondo, kabwinobwino koti munthu nkupumirapo, koma pamwamba pake anawotchererapo tizitsulo tosongoka ngati mano a sowo kuyambira uko mpaka uko, nkutipaka penti yakuda. Kutsogolo pang'ono kuli chimphika cha simenti chodzalamo maluwa, maluwa akewo mulibe, muli dothi louma ndi zotsalira za ndudu, koma kukamwa kwake anazunguliza zitsulo zomwezo. Amayi anakakhala pa masitepe a nyumba ina ya maofesi, anayala chitenje chawo bwinobwino, sipanathe mphindi zitatu gadi uyu wafika. Mnyamata waulemu ndithu, sindingamunenere zoipa, anawapatsa moni ngati agogo ake kenako nkuwauza mu Chishona kuti pano salola kukhala, abwana akaona pa kamera ntchito indithera. Amayi sanayankhe kanthu, anadzuka chogwira khoma nkupinda chitenje chija.

Mapeto ake ndinakawagulira dirinki mu shopu ina ya tchipisi kuti apeze mpando. Dola imodzi, dirinki yoti iwo samwa nkomwe chifukwa cha shuga. Botolo tinabwera nalo kunyumba losatsegula.

Chichokereni tsiku limenelo ndikamayenda mtauni maso anga amangogwera pa zinthu zimenezi, ndipo nzambiri kuposa mmene ndinkaganizira. Zitsulo pa mawindo, makhoma omwe pamwamba pake anachita kupendeketsa dala kuti ukakhalapo uziterereka, kapinga wozunguliridwa ndi fensi, tinjira ta kuseri kwa mashopu totsekedwa ndi mageti, mabenchi omwe anathyoka nkungotsala miyendo ya simenti osabwezeretsedwanso, zimbudzi zokhoma kapena zolipira. Zina ndi dala, zina nkulekerera chabe, koma kwa munthu amene miyendo yatopa zonsezi nchimodzimodzi. Ku London mu 2014 anthu anakwiya kwambiri zithunzi zitafalikira pa intaneti za zitsulo zosongoka zomwe anazika pansi pakhomo la nyumba ina yogona anthu ku Southwark kuti osowa pokhala asamagonepo, anthu anasayina zikalata zodandaula, meya wa nthawi imeneyo Boris Johnson nayenso anadzudzula, ndipo zitsulozo anazizula. Kuno ife timazidutsa tsiku ndi tsiku ngati zinamera zokha.

Chimene chikundipweteka kwambiri nchoti nkhani imeneyi siyachilendo m'banja mwathu. Malemu agogo aamuna anachoka ku Ntcheu ali mnyamata kudzafuna ntchito kuno, nthawi imeneyo nkuti kukutchedwa Salisbury, ndipo sanabwererenso, anakhala mtchona mpaka kumwalira. Ankakonda kutiuza madzulo zomwe anamva kwa amene anafika iwo asanabwere, kuti kale kunali lamulo loti munthu wakuda asayende pa pevumenti, aziyenda mumsewu limodzi ndi ngolo ndi njinga. Iwo eniake anayenda ndi chitupa mthumba zaka zambirimbiri, ukapezeka mtauni opanda chifukwa chomveka wapolisi amakufunsa. Tauniyi anaimanga kuti wakuda azibwera kudzagwira ntchito nkubwerera, ndiye chifukwa chake anatsegula lokeshoni ya Harari, yomwe pano ndi Mbare, mu 1907, kenako kunabwera Highfield, mahositelo a amuna okhaokha ngati a Matapi ndi enawa, ndipo Land Apportionment Act ya 1930, lamulo logawa malo pakati pa azungu ndi akuda, inangokhomerera msomali. Malamulo amenewo anatha, ufulu unabwera mu 1980, mayina a misewu anasintha. Koma nditawaona amayi akupinda chitenje pa masitepe paja ndinakumbukira mawu a agogo, akuti mtauni sumakhala pansi mwanawe, umangodutsa.

Wina anena kuti bwanji simunapite ku paki ya Africa Unity Square, mabenchi alipo. Zoona alipo, ndipo ndimapakonda pamalo paja makamaka mwezi wa Okutobala majakaranda akachita maluwa pansi ponse pali bii, anthu akudya nkhomaliro, ena akugona pa kapinga ndi ma envelopu a makalata ofunsira ntchito atatsamira. Kale ankapatcha Cecil Square ndipo tinjira take anatijambula motsatira mbendera ya Britain, mpaka lero ukayang'ana bwino umaona. Harare Gardens nayonso ilipo kuseri kwa hotela ya Monomotapa. Koma taonani komwe malo awiriwa ali, onse ali kumtunda, mbali yomwe inali ya azungu ndi maofesi aboma. Kumunsi kuno komwe makombi amakhuthulira anthu, Copacabana, Market Square, mbali yonse ya ku Kopje, komwe kumadzadza anthu ochokera ku malokeshoni, pokhala paulere pa mthunzi mpovuta kupapeza. Munthu wa maondo ngati amayi simungamuuze kuti ayende ulendo wonse uja kukapuma nkubwereranso kudzaima pamzere.

Eni mashopu ndimawamvetsa mbali ina, sindikufuna kunama. Mavenda amatseka khomo, kasitomala amasowa polowera, ana a mumsewu amagona pakhonde usiku, mmawa pamafunika kutsuka, akuba nawo amakhala ngati akupuma chonsecho akuwerenga matumba a anthu. Zonsezi zimachitika. Koma funso langa ndi loti zitsulozi zikuthamangitsa ndani kwenikweni? Venda sizimukhudza, amayala saka lake pansi kutsogolo kwa zitsulo zomwezo nkuyika tomato ndi matchaja a foni, akaona galimoto ya khonsolo amakulunga nkuthawa, ikadutsa wabwerera. Mnyamata wamphamvu amapinda katoni kawiri nkuika pamwamba pa zitsulo nkukhalapo, ndaona ndi maso anga. Amene amagonja ndi agogo, mayi woyembekezera, munthu wa ndodo, wodwala amene wachokera ku chipatala ndipo mutu ukuzungulira. Anthu oti sanalakwire aliyense.

Ndipo kuthamangitsa anthu tinakuyesa kale mdziko muno, mokulira. Mu 2005 kampeni ya boma yotchedwa Murambatsvina inagwetsa misika ndi tinyumba, lipoti la United Nations lomwe analemba Anna Tibaijuka linati anthu pafupifupi 700,000 anataya pokhala kapena popezera ndalama, ambiri mwa ife a makolo ochokera ku Malawi tinali momwemo ndipo tinalibe mudzi woti nkuthawirako. Mavenda anabwerera, chifukwa njala sinachoke. Za zimbudzi ndiye zimandidabwitsa, mukakhoma chimbudzi munthu amakakodza mkanjira ka kuseri, kanjirako kakayamba kununkha mumaikapo geti, ndiye amakakodza pa mtengo, kenako mtengowo mumauzunguliza waya. Ndalama zonse zogulira zitsulo ndi kulipira owotcherera zikanatha kukonza mpope ndi chimbudzi chimodzi nkumulipira munthu wosamalira.

Kwathu mlendo akafika pakhomo sitiyamba ndi moni, timayamba tamupatsa mpando kapena kumuyalira mphasa, moni amabwera munthu atakhala pansi. Ku Dzivarasekwa kuno madala amakhala pansi pa mtengo kuseri kwa mashopu kumasewera bawo tsiku lonse, pa zitsa ndi pa makreti, palibe amene amagula kanthu kuti aloledwe kukhalapo, ndipo ndi pomwepo pamamvekera za maliro, za ganyu, za amene wadwala. Malo amenewo sanajambulidwe ndi katswiri aliyense koma ndi otetezeka kuposa makonde a zitsulo aja, chifukwa pali maso a anthu nthawi zonse, mwana akasochera amamudziwa kuti ndi wa kwa ndani. Pamene pakhala anthu wakuba amaopa, ndi pamalo opanda anthu pomwe ine ndimagwira chikwama changa mwamphamvu.

Sindikupempha zinthu zodula ayi. Benchi ya simenti pafupi ndi pokwerera makombi, ina pomwe anthu amaima mizere ya ndalama ndi ya mapepala, mthunzi pang'ono, ndipo amene akupereka chilolezo chomangira shopu azifunsako kuti zitsulo zosongokazi mukuikira ndani.

Achimwene atumizanso mwezi wamawa. Loweruka ndinapita ku Mbare Musika ndinakagula kampando kopinda, kopepuka koti nkulowa mchikwama chachikulu. Nditawaonetsa amayi anakatembenuza uku ndi uku, anakhalapo kuyesa ngati nkolimba, kenako anandifunsa kuti kodi mwananga, gadi uja akandiona ndakhala pamenepa sadzandidzutsanso?